Chilwa ndi Bangweulu: miyezi yotseka ndi yomweyo, koma madzi ake ndi osiyana

Ku Chilwa kuno kwathu ndi ku nyanja ya Bangweulu ku Zambia amatseka usodzi nthawi yofanana, kuyambira pa 1 Disembala mpaka kumapeto kwa Febuluwale, kuti nsomba ziswane madzi akasefukira m'madambo. Kusiyana kwake n'kwakuti ku Zambia chiletsocho chimagwira msodzi aliyense, pomwe ku Chilwa chimalunjika makoka.

Anzathu ali ndi mwayi umene ife tilibe. Madzi a ku Bangweulu amalowa ndi mtsinje wa Chambeshi n'kutuluka ndi wa Luapula. Chilwa alibe potulukira. Domasi, Likangala, Thondwe ndi Phalombe akathiramo, madziwo amamwedwa ndi dzuwa, ndipo nyanjayo ndi yosaya. N'chifukwa chake inaphwa mu 1968, mu 1995 ndi mu 2018, moti anthu ankafika pachilumba cha Chisi wapansi.

Ku Bangweulu, kuyambira 2008 bungwe la African Parks limayendetsa dambolo limodzi ndi boma komanso makomiti 6 a anthu a m'madera a mafumu. Asodzi ena amalipidwa kuti azilondera zisa za mbalame ya shoebill, poopa moto wa m'tchire ndi akuba anapiye. Gwape wakuda wotchedwa lechwe amabweretsa ndalama za alendo. Msodzi akaimika bwato miyezi itatu, amaona kuti dambo likumupatsabe kanthu.

Ku Chilwa ntchito yonse imagwera makomiti a m'madoko, omwe nthawi zambiri alibe ngakhale mafuta a boti lolondera. Msodzi wa pa chimbowera (kanyumba koyandama pamadzi), mkati mwa njedza, amamupeza ndani? Neti ya udzudzu imakokolola matemba asanakule, ndipo kolera ikabuka kawirikawiri imayambira pa zimbowerazo, poti madzi akumwa ndi omwewo ochitiramo zonse.

Komabe pali chimodzi chimene Chilwa angaphunzitse Zambia. Nyanja itaphwa mu 1995, mafumu ndi asodzi analetsa katupe (chomera chophera nsomba) ndi makoka m'maiwe a mitsinje momwe makumba, matemba ndi milamba zinathawira. Madzi atabwerera, mbewu ya nsomba inachokera m'maiwemo.

Kutengera njira ya Bangweulu yonse sikungatheke, chifukwa Chilwa alibe nyama zokopa alendo ochuluka chotero. Chimene chimamupha chili kumtunda: mitengo yodulidwa m'mapiri a Zomba ndi Mulanje, kulima mpaka m'mphepete mwa mitsinje, ndi madzi opatutsidwira m'minda ya mpunga chilimwe chisanathe. Dothi lokokoloka likadzaza pansi pa nyanja, mvula yochepa chaka chimodzi imakwana kuumitsa doko la Kachulu, ngakhale makoka onse atakhala pamtunda.