Wailesi imati takhuta, ife tikudya nyika

Achinyamata ena pano pa Facebook akulemba kuti nthawi ya chipani chimodzi kunali bata ndipo aliyense amakhuta. Ine zimandiwawa, chifukwa mawu amenewo ndi omwe aja inkanena wailesi ndili mwana kuno ku Nsanje.

Tinali ndi wailesi imodzi yokha dziko lonse, MBC. Wailesi ya kanema kunalibe mpaka 1999. Daily Times ndi Malawi News zinali m'manja mwa Kamuzu yemweyo, ndipo chiyambire 1968 kunali bungwe loona buku kapena filimu yoti Amalawi aloledwe kuiona. Ndiye munthu wa ku Tengani kapena Makhanga ukanamva kuti mawu ena?

Chaka cha chilala amayi ankalawirira kudambo kukazula nyika, n'kubwerako miyendo ili ndi misundu. Madzulo tikudya nyikayo, kawailesi ka bambo kali pamkeka kakutiuza kuti Ngwazi yathetsa njala. Bambo ankangoti zii. Ine ndinkaganiza kuti njalayo ili pakhomo pathu pokha, kuti mwina ndife aulesi. Apa ndi pamene bodza la boma lankhanza limapweteka zedi, limakuchititsa manyazi ndi mavuto amene si iwe unawayambitsa.

Sikuti zinali pawailesi pokha ayi. Nkhope imodzimodziyo ya Kamuzu inali pa ndalama, pa nsalu za mbumba, pakhoma la sitolo iliyonse. Pakhomo la msika anyamata a chipani akufunsa khadi. Ukaona chinthu m'mawa, masana ndi madzulo kwa zaka 30, umasiya kufunsa.

Ndipo ife a kuchigwa tili ndi bala lathulathu. Mu Meyi 1983 tinauzidwa kuti David Chiwanga, phungu wa ku Chikwawa, wafa pangozi ya galimoto ku Mwanza pamodzi ndi nduna zitatu, Dick Matenje, Aaron Gadama ndi Twaibu Sangala. Kafukufuku wa boma chitatha chipani chimodzi anapeza kuti anachita kuphedwa. Zaka zonsezo akuluakulu ankangonong'onezana, ana tisamve.

Lero mawailesi ndi ambirimbiri, ndikuthokoza. Koma ndikaona masamba khumi akulemba chiganizo chimodzimodzi chotamanda mtsogoleri tsiku limodzi, kapena lole ikutsitsa nsalu za nkhope ya munthu pamsasa wa anthu othawa madzi osefukira pamene ufa sunafike, mtima wanga umagunda ngati madzulo aja pamkeka.