Loweruka kuno ku South Bend ndimayamba ndafunsa kuti akuulutsa ndani

Sabata yatha mchemwali wina analemba pa gulu lathu la WhatsApp la Amalawi a kuno ku Indiana kuti, "Abale, mpira wa Notre Dame Lowerukali uli pa chanelo chanji?" Anthu anayi anayankha, ndipo mayankho anali anayinso. Wina anati NBC, wina ABC, wina anati pamafunika app, winanso anati tingopita kwa achimwene ake amene amalipira zonse. Ndakhala ndikuliganizira funso limenelo sabata yonse, ndiye ndati ndilembe maganizo anga pano, chifukwa mpira wachimereka (American football) wa m'makoleji, monga wa yunivesite ya Notre Dame ya kuno ku South Bend, ndinaukonda mochedwa koma ndinaukonda zenizeni, ndipo zimandipweteka kuona mmene khomo lolowera likucheperachepera kwa anthu obwera ngati ife.

Nditangofika kuno, masewerawa ndinkawaona ngati chipwirikiti. Anyamata ojintcha avala zipewa zolimba, agundana, aunjikana, wina aliza wezulo, onse adzuka n'kukaima mozungulira ngati akupangana za maliro. Kenaka malonda a galimoto. Wotchi ya masewera imati mphindi 60, koma umakhala pampando maola atatu ndi theka. Amene ananditsegula maso ndi agogo ena aamuna omwe ndinkawasamalira kunyumba yosungirako okalamba kumene ndinkagwira ntchito. Miyendo inali itawakana, koma Loweruka masana ankafuna ndiwaveke juzi yawo yabuluu, ndiwakankhire pafupi ndi TV, ndikweze mawu. Tsiku lina ataona kuti ndikungoyang'ana ndili gwa, anandikoka dzanja la yunifolomu n'kunena kuti, "Mwana wanga, usathamangitse mpira ndi maso. Mvera anthu awiri akulankhulawo. Woyamba akuuza zomwe zachitika, wachiwiri akuuza chifukwa chake." Anandionetsa mzere wachikasu uja umaoneka pa kapinga, n'kundiuza kuti pabwalo penipeni palibe, ndi a TV amaujambula ndi kompyuta kuti uone pamene timu iyenera kufika. Mipata inayi yoti muyende mayadi 10, mukakwanitsa mupatsidwa ina inayi. Basi, kuyambira pamenepo chipwirikiti chija chinasanduka ntchuwa, aliyense ali ndi dzenje lake ndi chifukwa chake.

Ife tinakulira pa wailesi. Bullets ikakumana ndi Wanderers pa Kamuzu Stadium, woulutsa ndiye anali maso athu, ndipo akangokhala chete pang'ono tinkagwedeza wailesi poganiza kuti mabatire atha. Pa TV ntchito yake ndi ina. Chithunzi ukuchiona wekha, ndiye woulutsa wabwino ndi amene amakuonjezera chimene diso lako laphonya, kenaka n'kudziwa nthawi yotseka pakamwa. Agogo aja ankakonda kunena za Verne Lundquist wa CBS pa masewera a Auburn ndi Alabama mu 2013, pamene Chris Davis wa Auburn anawakha mpira umene Alabama inamenya n'kuperewera, nathamanga nawo bwalo lonse wotchi itatha kale, Auburn n'kupambana 34 kwa 28. Lundquist atanena zofunikazo anangokhala duu kwa nthawi yaitali, kusiya phokoso la anthu akukhamukira m'bwalo kuti lilankhule lokha. Ndinakaionera pa YouTube usiku womwewo ndipo tsitsi linandiima. Ankatchulanso Keith Jackson wa ABC, amene anatchukitsa dzina loti The Big House la bwalo la Michigan lija limalowa anthu oposa 107,000, ndipo masewera ake omaliza kuulutsa anali Rose Bowl ya 2006 pomwe Texas ya Vince Young inagonjetsa USC 41 kwa 38.

Pa amene alipo lerowa, ine ndili ndi mbali yanga ndipo sindibisa. Munthu amene akungoyamba kumene ndimamuuza kuti afunefune masewera amene akuulutsa Joel Klatt wa Fox kapena Todd Blackledge wa NBC. Onse awiri anali ma quarterback, osewera amene amatsogolera timu ndi kuponya mpira, Klatt ku Colorado, Blackledge ku Penn State komwe anatenga chikho cha dziko lonse mu 1982, ndipo amatha kukuuza mpira usanayambe kuti yang'anani munthu uyo waima kumbuyoyo, akangosunthira kumanzere ndiye kuti pakati patseguka. Zikachitikadi, umamva ngati wakhoza mayeso. Mnzake wa Klatt, Gus Johnson, ndi moto. Amakuwa, amapatsa osewera mayina, ngati muja anamutcha Marvin Harrison Jr. wa Ohio State kuti Maserati Marv, ndipo alipo anthu amene amati amachita phokoso kwambiri. Ine ndimamukonda chifukwa ndi yekhayo kuno amene amandikumbutsa oulutsa a kwathu, oti chigoli chikalowa mawu amachita kusweka. Chokhacho, masewera akakhala ozizira, timu ina ikutsogola ndi mapointi 30, moto wakewo umaoneka wochita kukoleza ndi mphepo ya pakamwa.

Chris Fowler ndi Kirk Herbstreit a ABC ndi ESPN ndi amene amapatsidwa masewera aakulu kwambiri a usiku, ndi fainolo yomwe. Apa ndi pamene ndimasiyana ndi anzanga ambiri a kuno. Herbstreit anasewera Ohio State, ndipo pa 20 January 2025 ku Atlanta, Ohio State itagonjetsa Notre Dame 34 kwa 23, anagwetsa misozi pa TV masewera atatha. Anthu a ku South Bend anapsa mtima, akuti taonani, munthu wokondera. Nanenso usiku umenewo mtima unali utandiwawa, koma ndinamvetsera masewera onsewo ndipo sindinamve pamene ananamizira timu yathu. Anayamikira quarterback wathu Riley Leonard mmene anayendetsera mpira woyamba uja mpaka kukagoletsa, ndipo pamene Ohio State inatikulira ananena kuti yatikulira, zomwe zinali zoona. Munthu kulira chifukwa cha sukulu imene inamulera si mlandu. Mlandu ukanakhala kupotoza zimene tonse tikuona. Chimodzimodzi Gary Danielson, amene zaka zimene ankaulutsa pa CBS masewera a ligi ya SEC ankanenedwa kuti amakondera matimu a kummwera, makamaka Alabama, koma CBS itasamukira ku ligi ya Big Ten anthu ena anayamba kumunena zina. Aliyense amamva woulutsa ndi khutu la timu yake.

Tsopano vuto langa lenileni. Kuti umve anthu amenewa uyenera kuyamba wapeza kumene ali, ndipo chaka chilichonse mapu ake amasintha. Muzu wake ndi wakale. Mpaka mu 1984 bungwe la NCAA, loyang'anira masewera a m'makoleji, ndi limene linkagulitsa masewera onse ku TV n'kumaika malire a kangati timu ingaoneke, koma mayunivesite a Oklahoma ndi Georgia anakasuma, ndipo khoti lalikulu la dziko lino linagamula kuti masukulu ali ndi ufulu wogulitsa okha. Notre Dame inapezerapo mwayi n'kupanga mgwirizano wakewake ndi NBC, ndipo kuyambira 1991 masewera ake apakhomo amaoneka kumeneko. Ena anagulitsa m'magulu. Big Ten inasaina mgwirizano wa zaka 7 woyambira 2023 ndi Fox, CBS ndi NBC, wa ndalama pafupifupi madola 7 biliyoni, ndipo n'chifukwa chake Loweruka mumaona masewera amodzi 12 koloko masana pa Fox, ena 3:30 pa CBS, ena usiku pa NBC. SEC inachoka ku CBS itatha sizoni ya 2023 n'kupita yonse ku ABC ndi ESPN. Ndalama zomwezi ndi zimene zinakokera USC, UCLA, Oregon ndi Washington, masukulu a kugombe la kumadzulo, kulowa Big Ten mu 2024, moti ana asukulu akuuluka dziko lonse kukasewera ku New Jersey. Ngakhale nthawi yoyambira masewera amasankha ndi a TV, ndipo kawirikawiri imalengezedwa kutatsala masiku 12 kapena 6 okha. Kwa ife ogwira ntchito ya mashifiti, amene timapempha tsiku lopuma mwezi usanayambe, zimenezi n'zovuta kwambiri. Ukapita kubwalo umachita kumuona bambo wa chipewa chofiira ataima m'mbali mwa kapinga, osewera ndi anthu 77,000 akudikira kuti malonda a pa TV athe iye achoke.

Zonsezo ndikhoza kupirira. Chimene sindigwirizana nacho ndi kubisa masewera kuseri kwa app yolipira. Mu September 2021 masewera a Notre Dame ndi Toledo anaonetsedwa pa Peacock pokha, app yolipira ya NBC, ndipo kuyambira pamenepo chakhala chizolowezi kuti masewera ena apakhomo azipita kumeneko. Big Ten nayonso ili ndi masewera a pa Peacock pokha. Mu August 2025 ESPN inatulutsa app yake ya madola 29.99 pamwezi, Fox nayo yake ya madola 19.99, pamene YouTube TV inali itakwera kale kufika madola 82.99. Munthu wa bizinesi anena kuti msika ndi umenewo, achinyamata ali pa foni. Ndikumva. Koma amene anamanga chikondi cha masewerawa ndi anthu ngati agogo anga aja, a zaka za m'ma 80, zala zikunjenjemera, oti remote ya mabatani ambiri imawasokoneza. Kuwauza kuti atsegule akaunti, aike password, alowetse khadi la kubanki kuti aonere timu imene akhala akuitsata kuyambira ali ana, n'chimodzimodzi kuwauza kuti asaonere. Ndipo wobwera kumene, amene sakudziwa n'komwe ngati masewerawa angawakonde, sangalipire kuti akayese. Ine ndinawakonda chifukwa TV inali yoyaka kale m'chipinda mmene ndinalowa.

Palinso mikangano ya makampani ogulitsa machanelo ndi eni machanelowo, imene yabuka zaka zitatu zotsatizana, 2023, 2024 ndi 2025, nthawi yomweyo ya mpira, chifukwa mbali zonse zimadziwa kuti ndi pamene anthu angalire kwambiri. Zinandigwerapo. Ndinaitana anthu kunyumba, nsima ili pamoto, nkhuku yakazingidwa, ana akhala pa kapeti, ndiye pa TV pangotuluka uthenga woti chanelochi sichikupezeka, imbani foni mudandaule. Bilu ndinali nditalipira yonse. Tinamaliza titaunjikana pa foni ya mlamu wanga, anthu 9, mawu a woulutsa akumveka ngati udzudzu.

M'mawa mwake ndinakagula eriyo. Apa ndiye ndikufuna abale anga a kuno mumvetse, chifukwa ambiri sitidziwa. ABC, NBC, CBS ndi Fox zimauluka mumlengalenga mwaulere, monga TVM inkachitira kwathu. Ka eriyo kopyapyala ngati pepala komata pawindo, ka madola 20 kapena 30, kugula kamodzi basi, kamakupatsa masewera aakulu ambiri a Loweruka kuyambira masana mpaka usiku, chithunzi choyera, ndipo sichichedwa ngati cha pa intaneti pomwe umamva aneba akukuwa chigoli iwe usanachione. Sikakupatsa ESPN, FS1, Big Ten Network kapena TNT imene inaonetsa masewera awiri a gawo loyamba la playoff, mpikisano wolimbirana chikho cha dziko lonse, mu December 2024, ndipo fainolo ya mu January 2025 ija inali pa ESPN. Zimenezo mukhoza kulipira mwezi umodzi wokha n'kusiya, kapena kupita kwa mnzanu. Inu a kumudzi amene mumandifunsa, masewera a 12 koloko masana kuno amakhala 6 koloko madzulo ku Lilongwe mu September ndi October, koma a usikuwo amakupezani cha m'ma 1:30 mbandakucha.

Pa eriyo yomweyo ndi pamene tinaonera masewera amene sindidzawaiwala, pa 20 December 2024, Notre Dame ndi Indiana, oyamba m'mbiri a playoff kuseweredwa pabwalo la sukulu, kuno kwathu komwe, kuzizira kochita kuluma makutu. Anali pa ABC, akuulutsa Sean McDonough ndi Greg McElroy. Jeremiyah Love wa Notre Dame atalandira mpira pafupi ndi mzere wa timu yake n'kuthamanga mayadi 98, mawu a McDonough anakwera mpaka kuthyoka, ndipo mayi ena amene anali atangofika kuchokera ku Zomba miyezi iwiri yapitayo, osadziwa lamulo ngakhale limodzi, anaimirira n'kuyamba nthungululu. Notre Dame inapambana 27 kwa 17. Mayiwo pano ndi amene amandifunsa Lachinayi lililonse kuti Loweruka tikuonera kuti.

Agogo anga aja anatisiya asanaone tsiku limene Lee Corso anatsanzika. Ankamukonda kwambiri mkulu ameneyu wa pologalamu ya ESPN ya College GameDay, amene kuyambira 1996 ankamaliza pologalamu povala chimutu cha chidole cha timu imene akuganiza kuti ipambana. Pa 30 August 2025 ku Columbus, ali ndi zaka 90, anavala cha Brutus wa Ohio State, chomwe anayambira, ndipo Ohio State inagonjetsadi Texas 14 kwa 7. Ndinaonera ndili pa shifiti, m'chipinda chochezera, ndi okalamba ena asanu, ndipo mmodzi anandipempha kuti ndikweze mawu.

Mchemwali munafunsa pa gulu uja, Lowerukali bwerani kunyumba ndi ana. Eriyo ili pawindo, ndipo ndidzakhala pambali panu kukuonetsani mzere wachikasu. Mukatenge ufa, wanga watsala pang'ono.