Dzina lawonongeka ndi la ndani?

Bwana wa kampani yathu yosamalira okalamba kuno ku England atalandidwa chiphaso cholembera antchito ochokera kunja, kanyuzi ka m'tauni muno kanalemba kuti kampani yagwa mu ignominy. Mawu amenewa ngakhale agogo achizungu amene timawasambitsa sawatchula, ndi a m'mabuku. Anachokera ku Chilatini, ignominia: in ndiye kuti kupanda, nomen ndiye dzina. Kutaya dzina. Analowa m'Chingerezi m'zaka za m'ma 1500.

Ku Roma wakale kunali akuluakulu awiri, ma censor, amene ankawerenga anthu. Munthu akachita zonyansa, ankamuikira chizindikiro pambali pa dzina lake m'kaundula, ndipo ngakhale wa mu Senate, bwalo la akuluakulu a dziko, ankatha kuchotsedwa pampando. Msilikali wothamangitsidwa mwamanyazi ankachoka wopanda mphoto imene anzake ankalandira popuma. Aromawo anali ankhanza, eya, koma chizindikiro ankaika pa wolakwayo.

Nanga kuno ku England? Bwana uja anatidyera ndalama zambirimbiri kuti atipatse pepala la sponsorship lopezera visa ya ntchito, pomwe lamulo silimulola kugulitsa. Anatilonjeza ntchito ya sabata yathunthu, n'kumatipatsa timaola tiwiri m'mawa, tiwiri madzulo, pakati apo uli pa siteji ya basi mvula ikukuthera m'nsapato. Lero akuyendabe pa Range Rover yomwe ija, akumwetulira ku tchalitchi. Kalata ya boma inabwera kwa ife: masiku 60 upeze wina wokulemba, apo ayi longedza. Ukapita kwina kukafunsira, akangoona dzina la kampani ija pa CV, nkhope imasintha, ati tidzakuimbirani. Ndani anaimbiridwa?

Ndipo khomo likutsekeka tikuona. Boma la kuno linatitsegulira mu 2022 osamalira okalamba atasowa, mu Marichi 2024 linakaniza kubweretsa mabanja, mu Julayi 2025 linaletseratu kulemba osamalira atsopano ochokera kunja.

Chondiwawa kwenikweni chili ku Ntcheu. Mayi anga anauza Mvano yonse kuti mwana wawo ndi nesi ku Ulaya. Puloti tinagulitsa, wa katapila akudikira zake mwezi ndi mwezi. Ndikatsika pa Chileka chimanjamanja, palibe adzafunse za chiphaso cha bwana, adzangoti anamubweza, kaya anaba chiyani kumeneko. Dzulo lomweli achimwene atumiza uthenga pa WhatsApp kuti feteleza wakweranso, nditumize msanga mvula isanagwe.