Musagulitse ziweto ngati anthu a ku Albania

Ana anga, mauthenga aja akuyenda m'mafoni, akuti ikani ndalama kuno mwezi ukatha zibereka, ndawaona. Ena mwa inu mwakongola kale kwa a katapila kuti mukaike kumeneko. Mwatani kodi? Tamverani zimene zinagwera anthu a ku Albania, dziko la ku Ulaya.

Dziko limenelo linakhala lotsekeredwa zaka zoposa 40 pansi pa chikomyunizimu, Enver Hoxha akulamula mpaka imfa yake mu 1985. Ngakhale galimoto yakeyake munthu sankaloledwa kukhala nayo. Ulamulirowo utagwa, Sali Berisha atakhala pulezidenti mu 1992, anthu analowa m'zamalonda osadziwa kumene chiwongoladzanja chimachokera. Mabanki a boma anali ofooka, pomwe ana a m'dzikomo opita kukagwira ntchito ku Greece ndi ku Italy ankatumiza ndalama kwawo.

Apo m'pamene anatulukira mabungwe olonjeza kuchulukitsa ndalama za anthu: VEFA, Gjallica, Xhaferri, Populli ndi Sude. Mu 1996 anayamba kupikisana pa malonjezo: Xhaferri amati pa miyezi 3 ndalama yako ichuluka katatu. Oyamba kuika analandiradi, koma zimene ankalandirazo zinali ndalama za obwera pambuyo pawo. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere! Anthu anagulitsa nyumba, alimi anakusira ng'ombe ndi nkhosa ku misika ya ku Tirana, likulu la dzikolo, kuti apeze zokaika. A IMF anachenjeza, boma linazengereza, anthu osamva.

Mu Januwale 1997 Sude ndi Gjallica anagwa, enawo n'kutsatira. Zinapita ndalama pafupifupi madola 1.2 biliyoni m'dziko la anthu ongopitirira pang'ono 3 miliyoni. Mkwiyo unabuka koopsa mumzinda wa Vlorë, anthu anathyola nkhokwe za mfuti za asilikali, ndipo pafupifupi 2,000 anafa. Panafunika asilikali akunja otsogoleredwa ndi Italy kuti bata libwerere, Berisha n'kutula pansi udindo mu Julaye chaka chomwecho.

Iwowa ndimawamvera chisoni, pajatu anali atangotuluka mumdima. Nanga inu, amene munabadwira pakati pa misika ndi mabanki a m'mudzi, muwiringula kuti chiyani? Chimene chimandipweteka kwambiri n'chakuti mukukokeramo amayi anu ndi anzanu a kutchalitchi kuti mulandire kabonasi.

Amene wakutumizirani uthengayo mufunseni kuti kampani yakeyo imagulitsa chiyani, ndipo Reserve Bank ikuidziwa kodi. Akayamba kuzungulira, mbuzi ija mumati mugulitsa Loweruka ibwezereni m'khola.