Chlamys si chovala chokha ayi

Ndikuyankha nkhani imene ndawerenga yofotokoza mawu a Chigiriki akuti chlamys. Zikomo alembi a nkhaniyo. Mwanena zoona kuti inali nsalu yaubweya wa nkhosa imene asilikali ndi apaulendo a ku Greece wakale ankafunda, n'kuimanga ndi phini paphewa lamanja kuti dzanja logwira mkondo likhale lomasuka. Koma mbali ya zomera mwangoidutsa mothamanga, pamene m'pomwe pali nkhani yokoma.

Akatswiri a zomera anabwereka mawuwa potchula timasamba tozungulira duwa, ngati kuti duwalo lafunda. Duwa lokhala ndi magulu awiri a timasambato, tobiriwira kunja ndi tokongola m'kati, amati dichlamydeous. La gulu limodzi ndi monochlamydeous, lopandiratu ndi achlamydeous, kunena kuti lili mbulanda. Ine ndinazimvetsa nditathyola duwa la nsatsi kuseri kwa khola: palibe timasamba tokongola, ndi tobiriwira tokha. Lafunda kamodzi basi.

Komanso ambirife mawuwa tinakumana nawo kale osadziwa. Pa Mateyu 27:28, chovala chofiira chimene asilikali anaveka Yesu pomunyoza, m'Chigiriki analemba ndi mawu omwewa.

China chimene chinandiseketsa: dzina la matenda opatsirana pogonana aja, chlamydia, lachokeranso pomwepa. Ofufuza amene anaona tizilombo ta matendawa mu 1907 ankati tikuoneka ngati tafunditsa phata la selo, kachigawo kakang'ono kwambiri ka thupi. Tsono mukafuna kuonetsa Chingerezi chanu pagulu, tchulani bwino, ch wakeyo amamveka ngati k, apo ayi anthu angakuyang'aneni ndi diso lina.