Woikidwa ndi bwana amamvera bwana

Lero ndakwiya ndipo sindibisa. M'mawa ndakwera minibasi kuchokera ku Matero kupita m'tauni muno mu Lusaka. Mvula ya usiku yasiya madzi ponseponse, galimoto zikungokwawa. Mnyamata wina kumpando wakumbuyo, foni ili m'manja, nkuyamba kulalikira: "Amdala, nthawi ya azungu izi kunalibe. Kunali makhonsolo, munthu ukadandaula kwa Bwana DC zinthu zimakonzeka sabata yomweyo." Anthu ena nkumagwedeza mitu kuvomereza. Ndinatembenuka nkumufunsa kuti, "Mwana wanga, anthu a m'makhonsolo ukunenawo ankawaika pampando ndani?" Sanandiyankhe, anangobwerera pa foni yake. Ndatsika pa City Market mtima ukuwira, mpaka pano sunazizire.

Ndiye ndikuyankhira pano, iwe ndi anzako onse amene mumalemba zomwezi pa Facebook. Munthu woikidwa pampando ndi bwana amamvera bwana. Maso ake amakhala kumene kunachokera mpando. Wodandaula ali kumbuyo kwake, ndipo munthu alibe maso kunkhongo.

Boma la Britain litatenga Northern Rhodesia, Zambia ya lero, m'manja mwa kampani ya British South Africa mu 1924, linakhazikitsa nyumba ya malamulo, Legislative Council. Munalibe munthu wakuda ngakhale mmodzi. Eni dziko, okhoma msonkho, okumba mkuwa, onse kunja. Panapita zaka 14 kuti aganize zoti anthu akuda akhale ndi wowayankhulira, ndipo mu 1938 bwanamkubwa analoza mzungu mnzake, Stewart Gore-Browne wa ku Shiwa Ng'andu, kuti ndiye akhale pakamwa pathu. Agogo ako sanafunsidwe. Agogo anga sanafunsidwe. Anangouzidwa kuti woimira wanu ndi uyu.

Ndipo ndinene chilungamo, Gore-Browne sanali munthu woipa mtima. Pambuyo pake anadzakhala kumbali ya omenyera ufulu, ndipo atamwalira mu 1967 boma la Kaunda linamuika mwaulemu. Koma ngakhale iyeyo, mu 1948 anabweretsa maganizo oti mphamvu zambiri zolamulira zichoke ku London zibwere kuno, kumene m'nyumba ya malamulo munadzaza azungu, asanakambirane ndi anthu amene ankati akuwaimira. Anthu akuda anakwiya kwambiri. Nanga akanamuchotsa bwanji? Sanamuike ndi iwo. Apa mpamene pagona nkhani yanga yonse. Ngati wabwino uja anachita zotere, nanga oipa aja?

Akulu anati wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Wina sangakumvere m'mimba. Munthu amene sanagonepo m'nyumba ya chipinda chimodzi ku Kabwata, amene wapolisi sanamuimitsepo usiku nkumufunsa chitupa, angadandaule bwanji m'malo mwako? Adzanena zimene akuganiza kuti zikukupweteka, m'mawu amene sakhumudwitsa anzake omwa nawo tiyi.

Agogo anga aamuna anachoka kumudzi kufupi ndi Fort Jameson, Chipata ya lero, kubwera kuno kudzagwira ntchito m'yadi ya mzungu. Chitupa chawo ankachisunga m'kachitini ka fodya, chokulunga m'kansalu, ndipo ndinachigwirapo ndi manja angawa ndili mwana. Ankatifotokozera za tsiku limene anapita ku boma kukadandaula za malipiro amene bwana wawo anawadula. Anafika kusanache. Mesenjala anawauza kuti avule chisoti, akhale pansi pakhonde. Anakhala mpaka dzuwa kupendeka. Atalowa, sanayankhule ndi DC mwachindunji ayi, mawu awo ankadutsa mwa wotanthauzira. Iwo amanena zinthu zambirimbiri, wotanthauzira nkunena mawu atatu. DC analemba kanthu papepala, nkuti adzafufuza. Kufufuzako kunali kukafunsa bwana yemweyo amene agogo ankamudandaula. Lolemba lotsatira ntchito inatha. Agogo ankamaliza nkhaniyi akupukusa mutu, ati, "Mdzukulu wanga, ndinakasumira fisi kwa m'bale wake."

Ndiye mnyamata iwe undiuze kuti dandaulo linkamveka? Linkamveka la ndani? La mzungu wa kumayadi ku Ridgeway linkamveka, eya. Msewu wake ukakumbika unkakonzedwa, chifukwa iyeyo anali ndi voti, ndipo phungu wake ankadziwa kuti akapanda kumumvera adzagwa pachisankho. Ukhondo ndi dongosolo zimene mumaona pa zithunzi zakale za Cairo Road zinali za anthu ovota. Pa msewu womwewo agogo athu ankagulira nyama pakawindo ka kumbali kwa butchala, osaloledwa kulowa pakhomo, kupatsidwa yokulungakulunga osaiona. Khonsolo iti inathetsa zimenezo? Palibe. Anthu eni ake ndiwo ananyanyala mabutchala m'zaka za m'ma 1950, amayi ataima pakhomo kuletsa anzawo kugula.

Ena mudzati koma mafumu analipo. Analipo, inde, ndipo ndimawalemekeza. Koma mu ulamuliro wa Native Authority mfumu inkazindikiridwa ndi boma, inkalandira malipiro ku boma, ndipo boma lomwelo linkatha kuichotsa. Mbuzi imadya pomwe aimangirira. Mfumu yoti ikakweza mawu mawa ilandidwa mpando, mukuyembekeza kuti ikamenye tebulo kwa DC chifukwa cha msonkho wanu? Zilipo zina zinayesa, koma chingwe chinali chachifupi.

Kumigodi nako chimodzimodzi. Kampani inakonza zoti madandaulo a antchito azidzera mwa akuluakulu a mitundu. Mu 1935 msonkho utakwera anthu nkunyanyala ntchito, akuluakulu aja palibe anawamvera, chifukwa antchito ankawaona ngati anthu a kampani. Ku mgodi wa Roan Antelope, ku Luanshya, apolisi anaombera ndipo anthu 6 anafa. Mu 1940 atanyanyalanso ntchito, ku mgodi wa Nkana anafa 17. Njira ya madandaulo ikanakhala yoona, magazi amenewa akanakhetsedwa chifukwa chiyani? Anthu sathamangira mfuti ngati pali khomo lotsekula.

Mu 1946 anapanga African Representative Council, kutanthauza khonsolo yoimira anthu akuda. Dzina lokoma. Koma ntchito yake inali kulangiza basi, ndipo wapampando wake anali mzungu wa boma woyang'anira nkhani za anthu akuda. Mu 1948 anthu akuda awiri oyamba, a Henry Kasokolo ndi a Nelson Nalumango, analowa mu Legislative Council. Awiri okha, kuimira dziko lonse. Tsono itafika nkhani yaikulu kuposa zonse, ya chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, anthu akuda anakana. M'khonsolo yolangiza ija anakana, mafumu anakana, a chipani cha African National Congress anakana, mtsogoleri wawo a Harry Nkumbula mpaka anatentha chikalata cha boma pamaso pa anthu muno mu Lusaka. Chitaganyacho chinabwerabe mu 1953. Dziko lonse linati ayi, iwo nkuti tamva, nkuchita zomwe anafuna kale. Chifukwa chake nchodziwika, ankafuna ndalama za mkuwa. Khonsolo yoti ikati ayi palibe chisintha, imeneyo si khonsolo, ndi mthunzi wongokhazikapo anthu kuti mkwiyo uzizire.

Ndibwereze, popeza ena mumawerenga mothamanga. Vuto silinali lakuti anthu oikidwawo anali opanda nzeru kapena opanda chifundo. Vuto linali lakuti wodandaula analibe mphamvu pa iwo. Sakanawachotsa, sakanawaitanitsa, sakanawafunsa kuti pepala langa lija lili pati. Munthu amene sungamuchotse amakumvera akafuna. Akapanda kufuna, ubwere mawa.

Ndipo chimene chikundipweteka kwambiri nchakuti khalidwe limeneli silinakwere ndege titalandira ufulu mu 1964. Kukomboni kwathu kuno kuli kakomiti koyang'anira ngalande ndi mpope wa madzi. Palibe tsiku limene tinaitanidwa kuti tisankhe. Tinangodzuka nkumva kuti wapampando ndi uje, mlembi ndi mlamu wake, aikidwa ndi akuluakulu. Ngalande ya kuseri kwa nyumba yanga yatsekeka kuyambira mvula ya chaka chatha. Madzi akuda amalowa mpaka kukhitchini, adzukulu anga akuyenda m'menemo opanda nsapato, ndipo tonse tikudziwa zimene kolera amachita mumzinda uno nyengo ino. Ndalemba makalata atatu. Yachitatu ndinakapereka ndekha. Mlembi anailandira osandiyang'ana nkomwe, nkuiponya m'katoni ya pansi pa tebulo, momwe ndinaonamo envulopu yanga yoyamba ija isanatsekulidwe. Ndinati, "Bambo, kodi imeneyo si kalata yanga ya mwezi wa Novembala?" Ati, "Madala, tikaipereka kwa akuluakulu, mubwere Lachisanu."

Lachisanu ndinapita. Pakhomo panali loko.