Wopeka nyimbo za m'filimu nayenso ndi mmisiri, tisamuiwale

Ambiri a inu munaonera The Boy Who Harnessed the Wind, filimu ya 2019 imene Chiwetel Ejiofor anajambulira ku Kasungu, yonena za William Kamkwamba ndi makina ake oyendera mphepo ku Wimbe. Tinakangana za Chichewa cha osewera, tinakamba za gule wamkulu, ena tinakumbukira njala ya 2002. Koma amene anapeka nyimbo za m'filimuyo sitinamutchule nkomwe. Dzina lake ndi Antônio Pinto, wa ku Brazil, ndipo ine ndikuona kuti moyo wake wa ntchito uli ndi zotiphunzitsa.

Bamboyu sanatchuke ndi nyimbo imodzi yogwedeza dziko pa wailesi. Mu 1998 anapekera limodzi ndi Jaques Morelenbaum nyimbo za m'filimu ya Central Station, mu 2002 anagwira ndi Ed Côrtes pa filimu ya City of God. Kenako Asif Kapadia, wotsogolera mafilimu wa ku Britain, anamutenga pa Senna mu 2010, anamuitananso pa Amy mu 2015, anamuitananso pa Diego Maradona mu 2019. Pamenepo mpamene pagona nkhani. Wotsogolera filimu sabwerera kwa munthu katatu chifukwa cha luso lokha. Amabwerera chifukwa munthuyo amamva zomwe wauzidwa, amamaliza pa nthawi yake, ndipo sanyanyala akamuuza kuti nyimbo imene wachezera nayo usiku ichotsedwe.

Ntchitoyi imayenda chonchi. Filimu ikadulidwadulidwa n'kulumikizidwa, wopeka ndi wotsogolera amakhala pansi n'kuionera, kugwirizana kuti nyimbo ilowe pati, ituluke pati. Nthawi zambiri amakhala kuti aikamo kale nyimbo za eni zongogwirizira, wotsogolera n'kuzizolowera, ndiye wopekayo ayenera kubweretsa chatsopano chimene chipose zimene khutu lazolowera kale. Masiku amakhala ochepa chifukwa iye amabwera kumapeto, ndalama zitatsala pang'ono kutha. Pa wailesi yakanema ndiye zimanyanya, pakuti gawo lina likuulutsidwa, lina likumudikira. Chovuta koposa n'kudziwa pokhala chete. Mayi akulira pa maliro, wopeka wosakhwima amathirapo zeze ndi limba mpaka kulirako osamveka. Wokhwima amasiya mayiyo alire, nyimbo n'kubwera pambuyo.

Sindikudandaula kuti nkhani ya Kamkwamba inapekeredwa ndi munthu wa ku Brazil, ayi, anagwira ntchito yake mwaulemu. Chimene chimandipweteka n'choti kuno oimba tili nawo ochuluka, odziwa malimba, bangwe ndi ng'oma, achinyamata odziwa kompyuta m'masitudiyo a ku Ndirande ndi ku Kawale, koma ambiri timawaphunzitsa kulota za siteji yokha. Opanga mafilimu athu ena akamaliza kujambula amangotola nyimbo pa intaneti kapena kupempha mnzawo kuti awathandize ulere. Wojambula walipidwa, wosewera walipidwa, galimoto yalipidwa, wa nyimbo angouzidwa zikomo. Zikatero, ndani angaitenge ntchitoyi ngati yodyetsa banja?

Inu opanga mafilimu, ikani wopeka nyimbo mu bajeti tsiku lomwe mukulemba ndalama za kamera, ndipo mumupatse nkhaniyo awerenge musanayambe kujambula. Inu oimba, pemphani ophunzira amene akupanga timafilimu tatifupi kuti muwapekere, chifukwa wophunzira wa leroyo ndi amene adzakuitaneni akadzapeza filimu yaikulu. Ndipo musagwire ntchito pa mawu a pakamwa okha. Lemberanani mgwirizano wonena kuti nyimbozo mwini wake ndani, dzina lanu lilembedwe pa mndandanda wa kumapeto kwa filimu, ndipo nyimbo iliyonse, ngakhale ya masekondi 20, mukailembetse ku COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito za aluso, filimuyo isanayambe kuonetsedwa.